Tikambe za Kwathu: Chisanu chimaimba ng'oma chisanafike

 Ndikhulupirira kuti zofunda mwatulutsa kale, pakuti Junho wafika ndipo madzi a mu mtsuko ayamba kuluma mano m'mawa.

Nkhani ya mlungu uno ndakhala nayo pamtima kwa chaka chathunthu. Chaka chatha, Julho ali pakati, ku nyumba ya wailesi kunafika bambo ena a kumbali ya Tsangano atanyamula kajumbo. Tinkayesa abwera ndi uthenga wa maliro kapena wa mbuzi yosochera, monga achitira ambiri. Koma iwo anangokhuthulira patebulo masamba a kachewere akuda bii, ofota ngati awauluka ndi moto.

"Achimwene, taonani izi," anatero bambowo. "Dzana madzulo dimba langa linali biriwiri, kachewere atayamba maluwa. Dzulo m'mawa ndapeza zili chonchi. Koma dimba la alamu anga, limene lili chakumtunda pang'ono, mapazi makumi asanu okha kuchokera pa langa, silinapse ngakhale tsamba limodzi. Inu amene mumalengeza za nyengo, tandiuzani, kodi chisanu chili ndi maso?"

Mbewu ndi feteleza za m'dimbamo anali atatenga pa ngongole. Ndipo pamene ankafika kwa ife n'kuti atadzera kale kwa sing'anga, amene anawauza kuti pali munthu wapachibale anatumiza chisanucho. Pamudzi dzina linali litayamba kale kutchulidwa, la agogo ena aakazi, amai ao a alamu aja.

Ndivomere kuti tsiku limenelo yankho langa linali lopanda mchere. Ndinangoti ndi nyengo, bambo, musadandaule. Munthu amene wataya dimba ndipo ngongole ikumudikira sangakhutire ndi mau otere. Kuyambira pamenepo ndakhala ndikufunsa alangizi a zaulimi ndi kuwerenga, poti safunsa anadya phula. Lero ndikufuna ndiyankhe funso lija bwinobwino, chisanu cha chaka chino chisanapsereze madimba ena ndi maubale ena. Koma kuti timvetse za dimba la m'dambo, tiyambe takwera kumwamba.

Kumwamba kwenikweni, kumene ngakhale kabawi safikako, kuli mphepo imene ife pansi pano sitiimva. Ili pa mtunda wa makilomita 10 mpaka 12 kuchokera pansi, mwina kupitirira apo. Phiri la Domwe, limene timaliyesa lalitali zedi, nsonga yake yangopitirira pang'ono makilomita 2 poyeza kuchokera pa nyanja ya mchere. Mutasanjikiza mapiri a Domwe asanu, ndiye mwafika pamene ndikunenapa. Mphepo ya kumeneko siomba mwachisawawa ai. Imayenda m'njira yakeyake ngati madzi a mu Zambezi, kuchokera kumadzulo kulowera kum'mawa, mpaka kuzungulira dziko lonse lapansi ngati lamba wa m'chiuno. Liwiro lake limafika makilomita 200 pa ola, ndipo nthawi zina limapitirira 300. Ulendo wochoka pa Ulongwe kukafika mu mzinda wa Tete, umene pa chapa umatidyera theka la tsiku, mphepo imeneyi ingauthe mu ola limodzi. Pa Chipwitikizi amaitcha corrente de jacto, pa Chingerezi jet stream. Ife pa tsamba lino tingoti mtsinje wa mphepo.

Mtsinje uliwonse uli ndi gwero. Gwero la uwu ndi kusiyana kwa kutentha ndi kuzizira. Dzuwa limaomba kwambiri pakati pa dziko, kumene ife tayandikirako, pamene kumapeto kwa dziko chakumwera, ku Antarctica, kuli madzi oundana chaka chonse. Pamene mpweya wofunda wakumana ndi mpweya wozizira, pamabadwa mphepo. Amai akudziwa zimenezi: mukatsekula chitseko cha khitchini yofunda usiku wa Junho, mphepo imalowa mothamanga mpaka moto kuwerama. Kusiyanako kukakula, mphepo nayo imakula. Tsono popeza dziko limazungulira, mphepoyo siyenda molunjika kumwera kapena kumpoto, koma imakhotetsedwa n'kumathamangira kum'mawa. Mbali yathu ino ya dziko ili ndi mitsinje yotere iwiri. Wina uli kutali pamwamba pa nyanja yozizira ya kumwera. Winawo m'miyezi yachisanu umakula mphamvu ndi kusendera kuno, n'kumadutsa pamwamba pa South Africa, makilomita opitirira 1,000 kumwera kwa ife. Anzathu a ku Ulaya ndi ku America alinso ndi yao.

Wina afunsa kuti, chinthu chosaoneka ndi maso, tidziwa bwanji kuti chilipodi? Oyendetsa ndege amakumana nacho tsiku ndi tsiku. Ndege yochoka ku Johannesburg kupita ku Sydney, m'dziko la Australia, imatenga maola ngati 12, koma pobwerera imatenga ngati 14, mtunda uli womwewo. Popita imatsata madzi, pobwera imalimbana nawo, monga achitira wa bwato pa Zambezi.

Munthu woyamba kuyeza mphepo imeneyi mwandondomeko anali wa ku Japan, dzina lake Wasaburo Oishi, m'zaka za m'ma 1920. Iye ankaulutsa mabaluni n'kumawatsata ndi chipangizo choonera kutali, ndipo anaona kuti akafika kumwamba amatengedwa mwaliwiro kupita kum'mawa. Koma zimene anapezazo anazilemba m'chinenero cha Esperanto, chimene ochiwerenga anali ochepa, choncho nzeru zake zinangogona m'mabuku. Mu 1944, pa nkhondo yachiwiri ya dziko lonse, oyendetsa ndege za nkhondo a ku America anakumana nayo mphepoyo pamwamba pa Japan nadabwa, ngati kuti palibe amene anaiona kale. Ndaitchula nkhaniyi chifukwa ifenso vuto lathu ndi lomwelo. Za nyengo zimatifika mu Chipwitikizi cha akatswiri, ndipo mlimi wa ku Tsangano, amene ndiye mwini dimba, amangomva kuti kwalankhulidwa.

Tsono nazi zimene zimachitika. Mtsinje wa mphepo suyenda mowongoka masiku onse. Umakhotakhota ngati Lifidzi m'dambo. Ukakhotera kumpoto, kuyang'ana kuno, mpweya wozizira wa kumwera umalowa m'gondo limenelo. Mutu wa mpweya wozizirawo, umene uli ngati mutu wa madzi osefukira, ndi umene pa wailesi amautcha frente fria. Umayamba kugunda ku Cape Town ndi mvula, kenaka patapita tsiku limodzi kapena awiri umadutsa ku Durban ndi ku Maputo. Amene muli ndi abale ku Joni mukukumbukira zithunzi zimene anatumiza pa foni pa 10 Julho 2023, pamene mu Johannesburg munagwa chipale chofewa, ana n'kumasewera nacho m'misewu. Unali mpweya wa mtundu umenewu.

Mutuwo kawirikawiri sufika kuno, umakathera m'nyanja. Chimene chimatipeza ife ndi chimene chimabwera m'mbuyo mwake, chimpweya cholemera chimene amachitcha anticiclone. Chimenechi chimakankha mpweya wozizira kukwera m'mbali mwa nyanja, kudutsa Inhambane ndi Beira, ukutola chinyezi panjira. Kenaka umalowa m'zigwa za Zambezi ndi Shire, n'kuyamba kukwera mapiri. Mpweya wachinyezi ukamakwera phiri umazizira, ndipo chinyezicho chimasanduka nkhungu ndi mvula yowaza. Ameneyo ndiye chiperoni. Ambiri amayesa kuti dzinali ndi la ku Malawi, chonsecho ndi lathu lomwe: lachokera ku phiri la Chiperone, m'distrito ya Milange ku Zambézia, chifukwa anthu a ku Mulanje ndi ku Thyolo amaona mitamboyo ikutulukira mbali ya phiri limenelo. Mphepo yomweyo ikafika pa nyanja ya Niassa amaitcha mwera, ndipo asodzi a ku Metangula amadziwa kuti masiku amenewo bwato limagona pamtunda.

Apa ndi pamene ndikufuna mutchere khutu. Masiku a chiperoni, ngakhale anthufe timanjenjemera, si amene amapsereza mbewu. Mitambo ndi bulangete la nthaka. Usiku woopsa ndi umene umatsatira, chiperoni atatha masiku ake awiri kapena atatu. Mitambo imachoka, mphepo imaleka, mpweya umauma. Mukatuluka panja mumaona nyenyezi zili mbee, zochuluka kuposa masiku onse, ndipo palibe tsamba limene likugwedezeka. Usiku wotere nthaka imataya kutentha kumene inalandira masana, popanda chotchinga. Mpweya wokhudzana ndi nthakayo umazizira, ndipo mpweya wozizira ndi wolemera. Umayamba kutsetsereka pang'onopang'ono kuchokera m'mapiri ndi m'zitunda, kutsata njira zomwezo zimene madzi amatsata, mpaka kukadikha pansi pa dambo. Pofika m'bandakucha, pamenepo pamazizira mpaka madzi kuundana. Madzi a m'kati mwa tsamba akaundana amang'amba timinofu ta tsambalo, ndipo dzuwa likatuluka tsamba limafota n'kuda.

Ndiye yankho la funso la bambo aja ndi ili: chisanu chilibe maso, koma chimatsetsereka. Dimba limene lili m'munsi limamira m'mpweya wozizira, pamene lina limene lakwera mamita awiri kapena atatu okha limatsala pamwamba, monga nyumba ya pachulu imatsalira madzi akasefukira. Palibe amene amati madzi a Revubwe ali ndi maso akalowa m'nyumba ya kumunsi n'kusiya ya kumtunda.

Patapita milungu iwiri ndinapita kukaliona dimbalo pamodzi ndi alangizi a zaulimi. Tinapeza kuti lili pansi penipeni pa dambo. Kumunsi kwake eni ake anamanga mpanda wa udzu wothithikana, wotchinga mbuzi, ndipo kuseri kwa mpandawo kunali nsenjere zowirira. Mpweya wozizira unkatsika kuchokera kumtunda, n'kufika pa mpandapo, n'kusowa potulukira, n'kudzaza m'dimbamo ngati madzi pa damu. Kuwonjezera apo, bambowo anali atangokwezera kachewere wao masiku awiri chisanu chisanagwe, ndipo sanathirire poti kunali kukuwaza. Alangizi anapukusa mutu nati zonse zinakumana pamodzi.

Nanga mlimi angatani? Mtsinje wa kumwamba sitingaukhotetse, koma m'dimba muli zambiri zimene zili m'manja mwathu.

Choyamba ndi malo. Tomato, kachewere, nyemba ndi maungu sizipirira chisanu ngakhale pang'ono, tsono zipatseni mbali ya kumtunda kwa dimba. Kabichi, anyezi, mpiru ndi tirigu amene sanatulutse ngala zimapirirako, zimenezo ndiye zipite kumunsi. Malo amene chaka ndi chaka amapsa mukuwadziwa kale. Pamenepo ndi bwino kudikira Agosto musanaike mbewu zosapirira.

Chachiwiri ndi mpanda. Kumunsi kwa dimba siyani potulukira mpweya. Mbali imeneyo mangani ndi mitengo yotalikirana kapena waya, yoti mbuzi isalowe koma mpweya udutse, ndipo dulani nsenjere ndi thengo zimene zatseka njira. Mpanda wothithikana uikeni kumtunda, kuti mpweya wotsikawo ulambalale.

Chachitatu ndi madzi ndi khasu. Nthaka yonyowa ndiponso yogwirana imasunga kutentha kwa dzuwa kwambiri kuposa youma ndi yofukulidwa, ndipo usiku imakubwezera ku mbewu. Choncho mukamva kuti kukubwera kuzizira, thirirani m'mawa kapena masana kuti dzuwa lipeze nthaka ili yonyowa, ndipo khasu liyambe lapuma. Kupalira ndi kukwezera chitani masiku ofunda. Udzu wa m'mizere uchotsedwe nthawi ikadalipo, chifukwa umatchinga dzuwa kuti lisafike panthaka.

Chachinai ndi kufunditsa. Nazale ndi mbande zongookedwa kumene zifunditseni ndi masaka kapena udzu dzuwa lisanalowe. Zikani timitengo kuti chofundacho chisagone pamasamba, ndipo m'mawa dzuwa likakwera muchotse. Ena amatentha zinyalala ndi matayala akale kuti utsi uphimbe dimba. Moto umafunditsa mbewu zimene zili pafupi nawo, koma utsi paokha susunga kutentha monga uchitira mtambo, tsono musagone mtima uli m'malo chifukwa choti mwafukiza.

Chiperoni naye ali ndi mlandu wake, ngakhale sapsereza. Amafika nthawi imene chimanga chili pa mkukwe kapena chayanikidwa pabwalo. Chimanga chimene chanyowa n'kuikidwa m'thumba chisanaumenso chimachita chuku, ndipo chuku china chili ndi poizoni amene saphedwa ndi moto wophikira. Mukamva kuti kukubwera mvula yowaza, vundikirani, ndipo dzuwa likabwerera yanikaninso musanasunge. Ana aang'ono ndi okalamba afunditseni bwino, ndipo mwana akayamba kupuma mothamanga kapena mobanika musadikire kuti kuche kawiri, thamangirani ku chipatala. Komanso ndikupempheni, abale anga, mbaula ya makala isagone m'nyumba yotseka. Mpweya wa makala sununkha, suoneka, koma umapha banja lonse lili m'tulo.

Akuluakulu anati chakudza sichiimba ng'oma. Pa zambiri ananena zoona, koma chisanu chokha chimaimba, ndipo chimayamba kuimba kukadali masiku atatu kapena anai. Popeza chimachokera kutali ndipo chimadzera njira yodziwika, akatswiri amachiona chikubwera. M'maiko ambiri amaulutsabe mabaluni tsiku ndi tsiku monga ankachitira Oishi, ndege zonyamula anthu nazo zimayeza mphepo zikamauluka, ndiponso kuli makina ozungulira dziko amene amajambula mitambo usana ndi usiku. Kuno kwathu amene amasonkhanitsa zimenezi ndi kutiuza ndi a INAM, bungwe la boma loona za nyengo, ndipo uthenga wao umamveka pa Rádio Moçambique ndi pa mawailesi a m'madera. Ife a m'malire tili ndi mwai wina, woti timamvanso mawailesi a ku Malawi, kumene a zanyengo amachenjeza za chiperoni ndi mwera m'chinenero chathu chomwe. Nyengo sidinditsa chiphaso pa Kalomwe. Zimene zanenedwa za Dedza ndi Ntcheu ndi zathunso.

Tsono sungani mau awa. Mukamva kuti frente fria yafika ku Maputo ndi ku Gaza, musati zimenezo ndi za kutali. Yambani kuwerenga masiku awiri kapena atatu. Mukamva vento de sueste, ndiye mphepo ya kumwera chakum'mawa, njira ya chiperoni. Chuviscos ndi mvula yowaza. Zimenezi zikadutsa n'kumva céu limpo ndi vento fraco, kutanthauza kumwamba koyera ndi mphepo yofooka, umenewo ndiwo usiku wofunditsa nazale. Geada ndiye chisanu chopsereza chenichenicho. Mvetseraninso nambala ya temperatura mínima, kuzizira kwa m'bandakucha. Musadikire kuti anene 0. Chipangizo chao chimakhala m'kabokosi kokwera kufika pachifuwa cha munthu, pamalo oyera, pamene tsamba la kachewere lili pansi m'dambo, kumene kumazizira koposa. Akanena 5 kapena kutsika apo, wa m'dambo akonzeke.

Sindikunena kuti a zanyengo salakwa. Ineyo ndawerengapo pa wailesi kuti mawa kugwa mvula, m'mawa mwake dzuwa n'kuswa mtengo, anthu n'kumandiseka pa msika. Mvula ya mabingu ya m'dzinja ndi yovuta kulosera, chifukwa imagwa mudzi uno n'kusiya mudzi uwo. Koma kuzizira kwa Junho ndi Julho ndi chinthu chachikulu, chophimba maiko angapo nthawi imodzi, ndipo pa chimenechi salakwa kawirikawiri. Kufunditsa nazale usiku umene chisanu sichinabwere kumangokutayitsani ola limodzi. Kusafunditsa usiku umene chabwera kumakutayitsani chaka.

Ena afunsa ngati mtsinje wa mphepowu ndi umenenso umatibweretsera mvula ya dzinja. Kwenikweni ai. M'miyezi yotentha umabwerera kumwera, ndipo mvula yathu imachokera ku mpweya wachinyezi wa ku Congo ndi wa ku nyanja ya India zikakumana pamwamba pathu. Komabe magondo ake amaikapo dzanja. Nthawi zina gondo limakoka mitambo n'kuiyala mu mzere umodzi wautali, kuchokera ku Angola ndi Zambia mpaka kukafika m'nyanja kumwera kwa Madagascar. Amene ali pansi pa mzerewo amalandira mvumbi wa masiku angapo, pamene amene ali pambali amangoona mitambo patali, chimanga chikufota. Apanso palibe amene wamanga mvula; mzere wangogona kwina.

Nthawi zina gondo limakula mpaka kuduka, monga mtsinje umasiyira thamanda pambali ukasintha njira. Mpweya wozizira umene wadukawo umangozungulira pamalo amodzi n'kumakhuthula mvula. Ndi zimene zinachitika ku Durban mu Abril 2022, pamene madera ena analandira mamilimita opitirira 300 pa tsiku limodzi ndipo anthu oposa 400 anamwalira. Anamondwe a m'nyanja nawonso ambiri amakokedwa ndi magondo omwewa n'kupita kukafera m'madzi ozizira a kumwera, ife osamva n'komwe. Freddy wa mu 2023 sanapeze chomukokera kumeneko. Anaoloka nyanja yonse ya India, nakhala masiku 36, nalowa m'dziko lathu kawiri, koyamba cha ku Vilankulo mu Fevereiro, kachiwiri cha ku Quelimane mu Março, ndipo zimene anachita ku Zambézia ndi kumwera kwa Malawi sitinaziiwale.

Akatswiri apezanso kuti m'zaka makumi angapo zapitazi mphepo za kumwerazi zasendera pang'ono chakumwera, makamaka m'miyezi yotentha, kaamba ka mipweya ya m'mafakitale imene yaononga ndi kutenthetsa mlengalenga. Mzinda wa Cape Town, umene umadalira mvula ya frente fria, unatsala pang'ono kuuma mipopi mu 2018 mvula itavuta zaka zitatu zotsatizana. Koma wina asamve kuti dziko likutentha n'kuganiza kuti chisanu cha m'dambo chatha. Usiku umodzi woyera ndi wokwanira.

Ndibwerere ku mudzi uja. Alangizi atafotokoza zonsezi pa bwalo la amfumu, ena anavomera, ena anangoti zimenezo ndi za kusukulu. Tsono alangiziwo anapempha mbale zitatu zachitsulo, nathiramo madzi pang'ono, nauza anyamata kuti usiku woyera wotsatira aike imodzi pansi pa dambo, ina pakati, ina kumtunda pafupi ndi nyumba. Ndinamva pambuyo pake kuti m'mawa wina anapeza mbale ya kumunsi itachita kakhungu kouma ngati galasi, ya pakati ili ndi timadzi toundana m'mbali mokha, ya kumtunda ili madzi okhaokha. Mbale sizinali ndi mlamu, sizinali ndi ngongole, ndipo palibe amene ankazichitira nsanje. Inunso yesani chaka chino m'dimba mwanu, mudziwe pamene chisanu chimalekezera, muzikepo chikhomo.

Mlandu unazizira, ndipo bambo aja ndi alamu ao ayambanso kupatsana moni. Koma agogo aja n'kuti atachoka kale. Atamva dzina lao likutchulidwa pa chitsime, anamanga katundu wao usiku napita kwa mwana wao wamkazi tsidya la malire, ndipo mpaka lero sanabwerere. Nyumba yao yagwa denga. Dimba lija labzalidwanso ndipo ngongole ikubwezedwa pang'onopang'ono, koma adzukulu akukula opanda wowauza nthano. Kachewere amaphukanso, munthu wamkulu amene wachotsedwa ulemu pamudzi pake ndi wovuta kumubweza.

N'chifukwa chake ndikupempha mafumu, akuluakulu a mipingo ndi aphunzitsi kuti nkhani iyi muiwerengere amene satha kuwerenga. Dimba likapsa mwezi uno kapena wa mawa, musanapite kwa sing'anga yambani mwafunsa mafunso atatu: kodi kunali chiperoni masiku apitawo, kodi usikuwo kunali nyenyezi popanda mphepo, ndipo kodi dimbalo lili kumunsi? Ngati mayankho onse ndi inde, wolakwa mwamupeza, ndipo ali makilomita 10 kumwamba, kumene nkhwangwa sifika.

Ife ku wailesi talonjeza kuti miyezi iwiri ino tizimasulira za nyengo m'Chichewa madzulo aliwonse, nthawi yoti munthu akhoza kuthamangira kudimba kusanade. Inunso tithandizeni. Chisanu chikagwa kwanu, tilembereni kapena tumizani uthenga ndi wa chapa, kutiuza tsiku, dzina la dambo ndi mbewu zimene zapsa. Tikasonkhanitsa zimenezi kwa zaka zingapo tidzakhala ndi ndandanda wathuwathu wa madambo oopsa, wothandiza ana athu podzasankha polima.

Mlungu wa mawa tidzakamba za mitengo ya kachewere pa Biriwiri ndi za sikelo za ogula ena zimene zikudandaulitsa alimi. Pakadali pano fundani bwino, yang'anani kumwamba musanagone, ndipo wailesi isathe mabatire.